Mulekeni Ketulo Amalize

9 Malichi 1996

Mzime wa amayi,

Landira moni, ngakhale sukuuyenera. Munthu wodyera cholembera, koma kulembera mlongo wako kamodzi pachaka! Kuno tili bwino. Alamu ako ali pamsewu ndi lole yawo monga mwa masiku onse, ine ndili pa makina osokera, mwana wathu Kabatani akukula ngati bango.

Tsopano imva. Loweruka m'mawa ndinkadula diresi la mkazi wa adokotala a mano, wailesi yakanema ikudzilirira pakona paja chifukwa cha ana a mumsewu muno amene amadzaza pansi m'shopu mwanga. Sewero la ana litatha, mayina anayamba kukwera. Ine sindiwawerenga, amawerenga ndani? Koma diso linangogwera pomwepo: Wolemba, kenako dzina lako lonse, ndi la bambo lomwe. Ndinakuwa mpaka ana anabalalika. Sizasi inalowa pomwe sindinaitume, moti diresi la eni ake lili ndi thumba limene sanaitanitse.

Ndinathamanga, tepi ili m'khosi, kukaitana ometa tsitsi ndi mayi aja ogulitsa mabuku akale. Pofika tinapeza dzina lapita, akutsatsa sopo. Ometa tsitsi akuti ndalota masana. Loweruka likubwerali onse adzakhala muno, ndipo aliyense adzawerenga mokweza.

Chiyambire tsikulo ndikungodzigwira pakamwa. Iwe amene unkaima pa kauntala ya sitolo, nkhope itatupa, kulimbana ndi liwu loti mchere mpaka ine kukunenera. Iwe amene ndinakumenyera anyamata a kalasi yonse chifukwa chokuyeserera chibwibwi. Lero mawu ako akutuluka m'kamwa mwa anthu ena, osakhumudwa ngakhale pamodzi, ndipo ana a dziko lonse akuseka pomwe iwe wafuna kuti aseke. Bambo ankakonda kukuuza kuti ukaipa dziwa nyimbo, iwe n'kumakalirira kuseri. Akanakhala moyo bwenzi atavula chipewa.

Pochoka kuno unati ukukanyamula zingwe zamagetsi ku nyumba youlutsira mawu. Kenako tinamva zoti umataipa zolemba za ena. Nanga izi zinayamba liti? Undiuze zonse kuyambira pachiyambi, usandipimire.

Kabatani wayamba sukulu. Uja unamusiya akukwawa pansi pa makina n'kumatola mabatani, lero ali mu yunifolomu. Koma lilime watengera amalume ake. Chibwibwi chake n'chako chenicheni, ndi kutsinzina komwe. Aphunzitsi akuti akamufunsa funso amangoyang'ana pansi. Ndawauza kuti asade nkhawa, mwanayo ali ndi mayi wa pakamwa pokwanira anthu awiri.

Unditumizire lamba wa makina ndi singano zosokera nsalu zolimba. Zakuno zikumathyoka zikangoona kolala.

Ndine chemwali wako.

2 Epulo 1996

Achemwali,

Moni wanu ndalandira pamodzi ndi chikwapu chake. Ndili bwino. Lamba ndi singano zili m'phukusili. Mundipepesere kwa mkazi wa adokotala, koma thumba si chinthu choipa.

Mwati ndiyambire pachiyambi. Ndinkataipa masewero a ana. Tsiku lina wolemba anadwala, sewero likufunika mawa lake. Mayi amene amayang'anira mapulogalamu a ana anandipeza ndikuseka ndekha pa makina otaipira, ndipo anafunsa chimene chikundiseketsa. Kufotokoza pakamwa kukanatifikitsa madzulo, ndiye ndinangowapatsa pepala limene ndinkalembapo zanga. Anawerenga ali chiimire, n'kunena kuti, "Mawa ubwere ndi ena." Ndinabwera ndi mtolo. Ambiri anali oyatsira moto, koma ochepa anapulumuka.

Mayi amenewa ndiwo anandiphunzitsa ntchito. Tikajambula sewero timapita nalo ku sukulu yamkaka kukaonetsa ana. Ine ndimakhala pambali pa bokosi, msana kulozetsa ku kanema, nkhope kwa ana. Mwana sanama ndi maso. Akayamba kukanda bondo kapena kutsatira ntchentche pazenera, ndimadziwa kuti pamenepo ndimayankhula ndekha, ndipo ndimapadula ngakhale pakhale pomwe ndimapakonda koposa. Zimawawa, achemwali, ngati kusomola diresi lomwe munalisoka bwino chifukwa mwini wake silikumukwana.

Tsopano andipatsa pulogalamu yangayanga, ya zidole. Dzina lake Kuseri kwa Sitolo. Ndi nkhani ya katundu amene palibe akumugula: tsache, nsapato yopanda inzake, ambulera, ndi wina amene sindinamumalize. Magawo onse tijambula miyezi ikubwerayi, koma adzayamba kuoneka mu Okutobala. Ntchito yathu ili choncho, chimene inu mukuona lero ife tinaphika kalekale. Mundisungire zidutswa za nsalu, makamaka zamaluwa, osoka zidole akuzifuna.

Nkhani ya Kabatani yandikhala pamtima. Mundiuze, amakakamira pa mawu ati? Akakakamira, manja amatani nawo? Nanga inu mumatani?

Ndine mzime wanu.

20 Meyi 1996

Mlongo wanga,

Moni. Tonse tili bwino, kupatula ometa tsitsi amene manyazi sanawathere. Anawerenga dzina lako kawiri monga ndinalamulira, ndipo tsopano akuuza aliyense wokhala pampando wawo kuti mutu umenewo ankaumeta ndi iwo.

Kalata yako ndaiwerengera msewu wonse. Zoti munthu angalipidwe chifukwa choyang'ana nkhope za ana, alamu ako akuti akanadziwa sakanaphunzira kuyendetsa lole. Ine ndinayesa Loweruka, ndinatembenuza mpando n'kumayang'ana ana m'malo mwa kanema. Mlongo wanga, ndinachita mantha. Nkhope zonse zinkatseguka ndi kutsekeka pamodzi ngati wina akukoka chingwe, ndipo ndinadziuza kuti wogwira chingwecho ndi mwana wa amayi anga.

Nsalu ndatumiza thumba lodzaza. Yamaluwa achikasu ija ndi yotsala pa diresi langa la pa ukwati, uisamale.

Mafunso akowa ngati a kuchipatala. Amakakamira poyamba, makamaka pa "ndi" ndi pa "ku". Manja amafinya siketi, chibwano chimanjenjemera. Ndipo ukufunsa kuti ine ndimatani? Waiwala kale? Ndimamumalizira, monga ndinkachitira nawe. Mwana wanga sangazunzike ndi liwu ine ndili pomwepo. Akangoti "ndi-ndi" ndimakhala nditadziwa kale ngati ndi madzi, tulo kapena m'mimba. Iwe unakula choncho, ndipo taona pomwe wafika.

Ndine chemwali wako.

14 Okutobala 1996

Iwe,

Moni ndilibe.

Loweruka loyamba shopu inadzaza mpaka pakhomo. Ndinasesa, ndinaika maluwa pamwamba pa kanema. Tsache anatiseketsa. Nsapato wolira mnzake anatimvetsa chisoni. Ambulera atatuluka ndinazindikira nsalu yanga ya pa ukwati, ndipo ndinaimirira kuwaonetsa onse. Kenako kamera inakwera pashelefu yapamwamba, pali ketulo wakale wophwanyika mbali. Chivindikiro chinayamba kugwedera, ndipo anati, "Ndi-ndi-ndi-ndi."

Mawu ako ndingawasokoneze ine? Ndiwe. Si munthu woyeserera, ndiwe mwini, ndi kupuma kwako komwe. Chinthu chimene ndinachibisa ndi thupi langa zaka zonse zija wachitenga wekha n'kuchipachika poti dziko lonse lione. Ndipo si chako chokha. Kukakamira pa "ndi", kunjenjemera kwa chivindikiro ngati chibwano, zonsezo ndinakulembera ndine. Ndimayesa ndikuyankha malume, osadziwa kuti ndikuyankha wosaka nkhani. Ana anaseka, mlongo wanga. Anaseka mwana wanga ali pakati pawo.

Mlungu wachiwiri Kabatani anabwera kuchokera kusukulu akupuma mothamanga. Anandigwira siketi nati, "Amayi, ku-ku-kusukulu aku-aku." Sindinafune kuti amalize mawu opweteka chotero. Ndinati, "Akukuseka, ndadziwa." M'mawa mwake ndinapita konko, ndipo pachipata pomwe ndinamva ndi makutu anga kamnyamata kakukuwa kuti, "Ketulo wabwera!" Ndinalowa m'kalasi osagogoda. Zimene ndinanena aphunzitsi sadzaziiwala, ngakhalenso anawo. Ndinamugwira dzanja n'kubwera naye kunyumba, ndipo kumeneko sadzapondakonso.

Chichokere kusukuluko sanatulutse liwu. Ngakhale "amayi." Amaloza ndi chala, amagwedeza mutu, amakhala pansi pa makina ngati wabwerera ku ukhanda. Poyamba anali ndi mawu othyokathyoka, lero alibe ndi amodzi omwe, ndipo ndikuopa kuti akazolowera sadzawafunanso.

Kanema ndamufunditsa nsalu yakuda. Ngati ndidakali mlongo wako, umuchotse ketuloyo. Mugwetse pashelefu, mugulitse, zili ndi iwe, ndiwe wolemba.

25 Okutobala 1996

Achemwali,

Ine moni ndili nawo, landirani.

Zoti Kabatani wasiya kuyankhula zandipweteka kwambiri. Kalata yanu ndayenda nayo m'thumba masiku onsewa, ndipo chakudya sichikulowa.

Ketulo sindingamuchotse. Magawo onse anajambulidwa kale, monga ndinakuuzani. Koma ndisakunamizeni, ngakhale ndikanatha sindikanamuchotsa.

Poyamba tinapatsa mbali imeneyi katswiri wa zisudzo. Ankachita chibwibwi chovinavina, choseketsa, ndipo onse m'situdiyo ankagwa ndi phwete. Ndinakana. Anandifunsa kuti nanga chenicheni chimamveka bwanji. Ndinalowa pansi pa tebulo, ndinavala chidolecho kumkono, ndipo kwa nthawi yoyamba m'moyo wanga ndinayankhula dala pamaso pa anthu. Palibe anaseka.

Ana aseka gawo loyamba, ndinkadziwa. Ndinawaona ku sukulu yamkaka. Koma nkhaniyi ndinaimanga kuti iyende nawo pang'onopang'ono kupita kwina, ndipo inu mwatsikira panjira. Ndinayenera kukuchenjezani. Ndinaopa kuti mundiletsa, ndipo mukandiletsa inu ndimamvera.

Ndikupempha chinthu chimodzi. Gawo lomaliza lidzaoneka Loweruka loyamba la Disembala. Mudzamulole aonere, inunso mudzakhalepo. Likadzakhala lachabe, ndidzasiya ntchitoyi.

Ndine mzime wanu.

27 Novembala 1996

Amake Kabatani,

Ndikhulupirira muli bwino ndi mwanayo. Ine ndili mumzinda muno, lole yathyoka chitsulo cha kumawilo akumbuyo ndipo amakaniko akuti chatsopano chifika mawa. Mawa wa amakaniko mukumudziwa, n'chifukwa chake ndalemba.

Munandituma kuti ndikawabwezere alamu kalata yawo ija munakana kuitsegula, ndi kuwatsuka m'kamwa. Ndinapita. Kalatayo ikadali m'jekete langa ndipo ndibwera nayo, chifukwa ndaona zinthu zimene zandisokoneza mutu. Musanene kuti kandimverere anakanena za m'maluwa. Izi ndaona ndi maso angawa.

Akujambula filimu tsopano, ya zidole zomwe zija, yoti idzaonetsedwe m'nyumba zazikulu zoonetsera mafilimu. Anandilowetsa m'chipinda chachitali ngati mosungira katundu, chopanda zenera, nyali zotentha zili lendelende kudenga. Sitolo ija timaiona pa kanema ndi matabwa opyapyala opachikidwa m'mwamba, kumbuyo kulibe kanthu. Pansi pake pagona anthu akuluakulu chagada pa timatabwa tamawilo, mikono ili m'mwamba, thukuta kamukamu. Tsache uja ndi bambo wadazi wa zidzukulu. Ndinaseka, koma munthu wina atakuwa kuti chete, zinsanza zija zinadzuka n'kukhala anthu. Amake mwana, Nsapato atandiyang'ana ndinachita kumugwedezera mutu, ine bambo wandevu zanga.

Alamu anali pansi pomwepo, Ketulo ali kumkono. Liwu limodzi amalimbana nalo mpaka mitsempha ya m'khosi kuima, ndipo chipinda chonse, ojambula, oyatsa nyali, onse amangoti phee kudikira. Kumeneko anthu amawapatsa ulemu ngati adokotala. Wina akafuna kusintha liwu limodzi amayamba wawafunsa.

Inu munafunditsa kanema msanga, ndiye simukudziwa zimene zakhala zikuchitika. Ketulo poti amakhala pamwamba, anaona komwe kunagwera mnzake wa Nsapato. Ana oonera anaonanso, kamera inawaonetsa. Koma Ketulo akati anene, Ambulera amatambasuka n'kumuphimba mwachikondi, amvekere, "Akuti ali ndi ludzu," kapena "Akuti watopa, musiyeni." Mlungu ndi mlungu Nsapato akungolira. Akuti ana a m'dziko muno afika pokalipira kanema.

Dzulo alamu anandiitana ku sukulu yamkaka. Nkhani yake inali yoti bwana wamkulu wa nyumba youlutsira mawu amafuna kudula gawo lomaliza. Muli malo ena pomwe palibe woyankhula, palibe nyimbo, nthawi yaitali ndithu. Bwana akuti anthu adzayesa kanema wawonongeka, ndipo otsatsa malonda salipira chete. Bwanayo analipo, ndipo alamu anayamba kuwayankha, "Bwana, ndi-ndi-ndi," bwana n'kuwamalizira kuti, "Mukuvomereza, chabwino." Alamu anakweza dzanja ngati wapolisi wa pamsewu. Zinawatengera nthawi, koma anati, "Sindinamalize." Ine ndinayang'ana pansi, ndimati ntchito yatha basi. Kenako anapempha bwanayo kuti akhale nawo pa kampando ka ana, msana ku kanema.

Zimene zili m'gawolo sindikuuzani. Ndingoti pofika pamalo achetewo, m'chipinda modzaza tiana tosadziwa kupukuta mphuno munalibe ngakhale wokanda bondo. Kamtsikana kena kanatseka pakamwa pa mnzake ndi dzanja. Bwana anatuluka akupukuta magalasi, ndipo sanadule kanthu.

Alamu aonda. Funso lawo loyamba linali lakuti mwana wayankhula kapena ayi, ndipo nditapukusa mutu anangokhala pa masitepe.

Ine pa nyumba yathu sindilamula kawirikawiri, mukudziwa. Koma Loweruka loyamba la Disembala nsalu ija ichoke pa kanema. Mwana wathu wakhala duu mwezi ndi theka, ndipo njira yathu yalephera. Tiyeseko ya amalume ake.

Ndine bambo a Kabatani.

9 Disembala 1996

Mlongo wanga, mzime wa amayi,

Moni, ndi wa mwezi wa Okutobala uja ndinakumana ulandirenso. Alamu ako anafika Lachisanu ndi makalata awiri, yako ndi yawo, poti yawo anaiwala kuiponya. Ndinawerenga onse ndili chiimire.

Nsalu ndinachotsa ndekha. Ana a mumsewu anamva msanga, ndipo pofika nthawi shopu inali itadzaza. Kabatani sanatuluke pansi pa makina, koma ndinaona kuti wasuntha kuti mwendo wa tebulo usamutchinge.

Iwe ukudziwa zimene unalemba, koma undilole ndikuuze mmene zinaonekera kuno. Mvula itagwa m'seweromo, mwini sitolo anabwera n'kutenga Ambulera kupita naye panja. Ketulo anatsala yekha pamwamba paja. Chivindikiro chinayamba kugwedera. Tsache anati ayambe kuseka, koma Nsapato anati, "Ine ndilibe kopita, ndili ndi mwendo umodzi. Ndidikira." Kenako zii.

Mlongo wanga, sindinamvepo chete wotero. Ometa tsitsi anaima pakhomo, lumo lili m'manja, kasitomala atamusiya mutu theka. Ana aja amandisowetsa mtendere Loweruka lililonse anali maso tuzu, milomo ikuyenda popanda mawu, kukankha nawe liwulo. Ndinkamva kupuma kwako m'bokosimo. Ndipo pakamwa panga panatseguka pokha. Ndinatsala pang'ono kumunenera ketulo wansanza, pa kanema, pamaso pa anthu! Pomwepo ndinayang'ana pomwe pamakhala Ambulera, ndinakumbukira kuti wavala nsalu ya ndani, ndipo ndinakhala pansi.

Utamaliza kunena kuti "ndinamuona mnzako kuseri kwa kabati," denga linatsala pang'ono kuchoka. Ana analumpha, ena anakumbatirana. Ine ndinkadikira kuona chimene umuchite Ambulera. Ndimati umuchititsa manyazi. Koma anangolowa atanyowa, n'kuima pakhomo kumvetsera, ndipo Ketulo anamuitana kuti adzaothe nthunzi yake. Pamenepo ndinalira, ndipo sindinabise.

Anthu atapita ndinabwerera pa makina, ndili ndi siketi yoti ndipinde. Ndinamva kadzanja kakundikoka. "A-a-amayi." Liwu loyamba chichokere Okutobala. Ndinaimitsa makina. "Ku-ku-kusukulu." Yankho linali kale pa lilime langa, lakuti usaope, supitako. Ndinatapa mapini m'mbale n'kuwaluma, monga ndimachitira poyesa diresi, kuti ndikatsegula pakamwa andibaye.

Zinatenga nthawi. Anafinya siketi, anatsinzina, chibwano chinanjenjemera, ndipo chilichonse m'thupi mwanga chinkakuwa kuti muthandize mwana. Ndinangogwira tebulo. Ndipo imva zimene ananena. Akuti tsiku lija anabwera akuthamanga, ankafuna kundiuza kuti kusukulu akumufunsa. Anzake ankati iye ndiye angadziwe chimene Ketulo akufuna kunena, poti amayankhula chimodzimodzi. Pa nthawi yopuma ankamuzungulira n'kumamudikira kuti awauze. Oseka analipo, awiri kapena atatu, koma ambiri ankangofuna kumva. Aka kanali koyamba kuti anthu amudikire. Ndiye ine ndinabwera n'kuwakalipira onse, iye ali chiimire kutsogolo kwa kalasi. Akuti anaona kuti akayamba kuyankhula zinthu zimaipa, ndiye anasiya.

Ndikanamalizira ine, ndikanalakwitsa liwu lililonse.

Anayankhula mpaka dzuwa kupendeka. Mwini siketi anabwera, ndinamulozera mpando, nayenso anadikira. Ndamva zinthu za mwana wanga zimene sindinkazidziwa: sakonda riboni wofiira amene ndimamumanga tsiku lililonse, amadziwa kuwerenga zikwangwani zonse za mumsewu muno, ndipo akufuna kudziwa ngati mkono wako sutopa. Lero m'mawa wabwerera kusukulu. Ndinamuperekeza mpaka pachipata. Aphunzitsi atamufunsa kuti wadzuka bwanji, ndinatembenuka n'kumayang'ana mtengo mpaka anayankha yekha.

Ntchitoyo usasiye. Sindikuimvetsa yonse, koma ndaona munthu atagona chagada pansi pa tebulo, kutali uko, akutsegula pakamwa pa mwana amene mayi ake omubereka analephera. Ndimakunyadira kuyambira kale, koma tsopano ndikukuopa pang'ono.

Chatsala chimodzi. Tsiku unkachoka kuno, pa depoti, basi italiza kale injini, unandigwira mkono n'kuyamba kuti, "Achemwali, ndi-ndi-ndi." Ine ndinati, "Ukuthokoza, ndadziwa, kwera basi ingakusiye." Unandiyang'ana, kenako unakwera. Kuyambira Loweruka nkhope imeneyo sikundichoka.

Usandiyankhe pa kalata. Pa pepala ndiwe katswiri, dziko lonse likudziwa. Filimu ikatha ubwere kuno, udzakhale pa mpando wa makasitomala, udzandiuze pakamwa. Shopu ndidzatseka tsiku lonse.

Ndine chemwali wako.